Zimene fomu ya mafunso singamve: phenomenology ndi moyo monga mwini wake amaumvera

M'zipatala zambiri pa dziko lapansi muli fomu yaifupi yotchedwa PHQ-9, imene amapatsa munthu akamamuganizira kuti ali ndi matenda ovutika maganizo. Ili ndi mafunso 9 okhudza masabata awiri apitawo: tulo, chilakolako cha chakudya, kutopa, kusakondwa ndi zinthu, kudziona wachabechabe, maganizo ofuna kufa ndi zina. Funso lililonse limapatsidwa malikisi kuyambira 0 mpaka 3, ndipo onse pamodzi sapitirira 27. Fomuyi imathandiza, makamaka kumene odwala ndi ambiri koma madokotala ndi ochepa. Koma tiyerekeze kuti anthu awiri apeza 15 aliyense. Woyamba akuti mtima ukumuwawa usana ndi usiku, akungolira. Wachiwiri akuti iye sakumva kalikonse, angakonde atalirako koma misozi sikubwera, ndipo akayang'ana ana ake amadziwa ndithu kuti ndi ake, koma zili ngati akuwaonera kuseri kwa galasi. Pa pepala awiriwa ndi ofanana. Kodi akudwala chinthu chimodzi?

Akatswiri a zamaganizo amene amatsatira njira ya phenomenology amati funso limeneli silingayankhidwe powonjezera manambala. Iwo amayamba ndi kufotokoza mwachifatse mmene chinthu chimaonekera ndi kumvekera kwa amene chikumuchitikira, asanathamangire kunena chimene chachititsa. Zikumveka ngati ntchito yopepuka, yongomvetsera munthu akulankhula. Si choncho ayi, ndipo mbiri yake ikuonetsa chifukwa chake.

Mu 1879 Wilhelm Wundt anatsegula ku Leipzig labotale yoyamba yofufuza za maganizo a munthu. M'zaka zotsatira ofufuza ambiri ankadalira anthu ophunzitsidwa kudziyang'ana m'kati n'kunena zimene akupeza m'mutu mwawo. Posakhalitsa panabuka mkangano wopanda woweruza. Ofufuza a ku Würzburg ankati pali maganizo ena amene amabwera popanda chithunzi chilichonse m'mutu, pamene Edward Titchener wa ku Cornell ankati zimenezo sizingatheke, anthu awo sanayang'anitsitse. Ndani akanagamula, poti aliyense umboni wake unali m'mutu mwake? Mu 1913 John Watson wa ku America anati zakwana, sayansi iyeze khalidwe looneka ndi maso basi, za m'kati izisiye. Maganizo akewo analamulira mayunivesite a ku America kwa zaka makumi angapo.

Chaka chomwecho cha 1913, ku Germany kunatuluka mabuku awiri amene analowera kwina. Lina linali la Edmund Husserl, woyambitsa phenomenology, amene anayamba ngati katswiri wa masamu, ndipo lina linali la dokotala wachinyamata wa zaka 30, Karl Jaspers.

Husserl anaphunzira kwa Franz Brentano ku Vienna, ndipo anatengako mfundo imene Brentano analemba mu 1874, yakuti ganizo lililonse limaloza chinachake. Munthu akamaona amaona chinthu, akamakumbukira amakumbukira chinthu, akamakonda pamakhala chimene akuchikonda. Mfundoyi imasintha kumene wofufuza ayenera kuyang'ana. Ofufuza a nthawi ya Titchener ankafunafuna mantha ngati kanthu kobisika m'kati mwa mutu. Husserl akanati, ukafuna kudziwa mantha, yang'ana mmene dziko laonekera kwa wamanthayo. Munthu woopa agalu akamayenda mumsewu, chipata chotsegula chimamukokera maso, kulira kwa tcheni kumamveka pamwamba pa phokoso lina lonse, ndipo mtunda wochoka pamene waima kukafika pakona umatalika. Mnzake amene akuyenda naye limodzi sakuona chilichonse mwa zimenezi, chonsecho msewu ndi womwewo. Mantha ali m'maonekedwe a msewuwo, ndipo kumeneko akhoza kufotokozedwa bwinobwino moti wina amene anaopapo n'kuvomereza kapena kutsutsa.

Kuti zimenezi zitheke, Husserl anati wofufuza ayambe waika pambali zimene amakhulupirira kale. Sakuzikana, akungozipumitsa kaye. Munthu akanena kuti akumva mawu akumulankhula, funso lakuti mawuwo alipodi kapena ayi lidikire. Funso loyamba likhale lakuti akuwamva bwanji: m'khutu kapena pakati pa mutu, ndi a munthu mmodzi kapena ambiri, akulankhula naye kapena akukambirana za iye. Chitsanzo chimene Husserl ankakonda chinali cha nyimbo. Pa kamphindi kalikonse khutu limalandira liwu limodzi lokha, koma palibe amene amamva maliwu oduka-duka. Liwu lapitalo limakhala lidakalipo mwanjira ina, lotsatiralo timaliyembekezera kale, n'chifukwa chake woimba akaphonya timadzidzimuka ngakhale nyimboyo tikuimva koyamba. Choncho nthawi imene munthu amakhalamo si ya wotchi. "Tsopano" wathu amanyamula zangopita kumene ndipo amasuzumira zimene zikubwera.

Jaspers anatengera maganizo amenewa m'chipatala cha matenda a maganizo ku Heidelberg. Iye anali wodwaladwala, mapapo ankamuvuta kuyambira ubwana, moti sankapatsidwa ntchito yolemetsa m'mawodi, ndipo mwina n'zimene zinamupatsa mpata wokhala pansi ndi odwala nthawi yaitali. Anasiyanitsa zinthu ziwiri zimene katswiri wa filosofi Wilhelm Dilthey anali atazisiyanitsa kale. Pali kulongosola chochititsa, monga kunena kuti chotupa cha muubongo chachititsa kuti munthu aiwale. Palinso kumvetsa, monga mmene timamvetsera kuti wonyozedwa amakwiya ndipo woferedwa amalira, popanda kupima magazi ake. Dokotala wa maganizo amafunika zonse ziwiri ndipo ayenera kudziwa kuti pa nthawi iyi akugwiritsa ntchito iti. Jaspers analimbikitsanso kulemba mawu enieni a wodwala, osawasandutsa msanga mawu a m'buku. Komabe anaika malire: anati pali zikhulupiriro zina za odwala misala zimene munthu wabwinobwino sangazimvetse ngakhale atayesetsa bwanji. Amene anabwera pambuyo pake sanakhutire ndi malire amenewo.

Mmodzi wa iwo anali Eugène Minkowski, dokotala wa ku Paris. Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1920 anakhala nyumba imodzi ndi wodwala wa zaka 66 kwa miyezi iwiri, usana ndi usiku, monga dokotala wake. Bamboyu ankakhulupirira kuti anapalamula milandu yoopsa ndipo chilango chake n'chakuti zinyalala zonse za pa dziko adzamuthira m'mimba. Akaona wina akumeta, akuwenga zikhadabo kapena kutaya kamtengo ka machesi, ankawerengera kuti zimenezonso zikubwera kwa iye. Tsiku loyamba anauza Minkowski kuti aphedwa usiku womwewo. Dokotalayo anagona maso, ndipo kutacha anadzitonthoza kuti wodwalayo aona yekha kuti palibe chachitika. Koma madzulo ake bamboyo ananenanso zomwezo, mawa lake chimodzimodzi, mkuja chimodzimodzi. Patapita masiku angapo Minkowski anazindikira kuti iye mwini waphunzirapo kanthu, sakudanso nkhawa ndi usiku, koma wodwalayo sanaphunzirepo kalikonse.

Dokotala wina akanangolemba kuti wodwalayu ali ndi chikhulupiriro cholakwika, n'kutseka faelo. Minkowski anafunsa funso lina: kodi nthawi ikuyenda bwanji kwa munthu ameneyu? Anaona kuti kwa iye dzulo silinkapereka chilichonse kwa lero, ndipo lero silinkatsegukira mawa. Tsiku lililonse linali lokhalokha. Munthu wathanzi amakhala akukokedwa ndi zam'tsogolo, kaya ndi zazing'ono monga kudikira mlendo kapena kumaliza ntchito. Kwa bamboyu chikoka chimenecho chinali chitaduka. Ndiye Minkowski anatembenuza nkhani: mwina si chikhulupiriro cha kuphedwa chimene chinatseka tsogolo lake, koma tsogolo ndilo linayamba kutsekeka, ndipo nkhani ya kuphedwayo inabwera ngati njira yoti munthuyo afotokozere zimene akumva. Kaya Minkowski analondola pa zonse, zimene anaona odwala ambiri ovutika maganizo amazitsimikizira mpaka lero. Sanena kuti akuganiza kuti zinthu ziipa. Amati sakutha n'komwe kuona kuti zinthu zingasinthe. Ameneyu ukamuuza kuti "limbani mtima, mawa kucha bwino", ukumulozera chinthu chimene m'dziko lake mulibe.

Husserl anamwalira ku Freiburg mu 1938, chipani cha Nazi chitamutsekera khomo chifukwa anabadwa Myuda. Anasiya masamba pafupifupi 40,000 olembedwa mwachidule pamanja, ndipo wansembe wachinyamata wa ku Belgium, Herman Van Breda, anawazembetsa kupita nawo ku Leuven. Mmodzi mwa oyamba kukawawerenga kumeneko mu 1939 anali Maurice Merleau-Ponty wa ku France, amene mu 1945 anatulutsa buku limene linabweretsa thupi pakati pa nkhani yonseyi.

Merleau-Ponty anagwiritsa ntchito nkhani ya msilikali wina wa ku Germany wodziwika ndi dzina loti Schneider, amene anavulazidwa kunkhongo ndi zidutswa za bomba pa nkhondo yoyamba ya dziko lonse. Amene ankamuyang'anira, Kurt Goldstein ndi Adhémar Gelb, analemba zodabwitsa. Udzudzu ukamuluma, dzanja lake linkapita lokha pamalopo. Akafuna kumina, ankatulutsa kansalu m'thumba n'kugwira mphuno mosavuta. Koma akamuuza kuti atsinzine n'kuloza mphuno yake, ankasokonezeka, mpaka ayambe wagwedeza thupi kuti apeze kumene dzanja lili. Dzanja lomwelo, mphuno yomweyo, mtunda womwewo. Madokotala ena amene anadzamupima pambuyo pake anakayikira zina mwa zizindikiro zake, ndipo m'pofunika kunena zimenezo, koma kusiyana kwa kugwira ndi kuloza kunatsegula maso ambiri. Thupi lili ndi nzeru yakeyake yodziwira dziko, imene sidutsa m'kuganiza. Munthu wosaona amene wazolowera ndodo yake samva ndodoyo m'manja, amamva miyala ndi maenje kunsonga kwake. Wodulidwa mwendo amatha kudzuka usiku n'kuponda ndi mwendo umene kulibe, chifukwa pansi pakumuitanabe kuti aponde.

Apa m'pamene phenomenology yathandiza kwambiri anamwino ndi madokotala a matenda a m'thupi. Kay Toombs, mphunzitsi wa filosofi ku America amene anadwala multiple sclerosis (matenda owononga mitsempha ya muubongo ndi mumsana), analemba kuti dokotala ndi wodwala akamakambirana za matenda amakhala akunena zinthu ziwiri zosiyana. Dokotala akuona mitsempha yowonongeka pa chithunzi. Wodwala akuona masitepe amene kale sankawazindikira n'komwe atasanduka khoma, ndiponso shelefu ya pamwamba itachoka m'dziko la zinthu zofikirika. Tikakhala bwino thupi silidziwika, timangodutsa mwa ilo kupita ku zimene tikuchita. Tikadwala limatulukira poyera n'kuima pakati pa ife ndi dziko.

Nanga kafukufuku wotere amachitika bwanji masiku ano? Amene anaika ndondomeko yake momveka ndi Amedeo Giorgi wa pa yunivesite ya Duquesne ku Pittsburgh, kuyambira cha m'ma 1970. Wofufuza amapempha anthu ochepa kuti afotokoze nthawi imodzi yeniyeni imene chinthucho chinawachitikira. Amawerenga nkhani yonse kaye, kenako amaidula m'zigawo paliponse pamene tanthauzo lasintha, n'kufunsa chimene chigawo chilichonse chikuulula, ndipo pomaliza amafunafuna chimene sichingachotsedwe popanda chinthucho kusanduka china. Mu 1996 Jonathan Smith wa ku Britain anayambitsa njira ina yotchedwa IPA (Interpretative Phenomenological Analysis), imene imavomereza poyera kuti wofufuza akuyesa kumvetsa munthu amene nayenso akuyesa kudzimvetsa. Magulu awiriwa sagwirizana kwenikweni, ndipo Giorgi anadzudzulapo njira ya Smith kuti ilibe malamulo okhwima.

Luso lenileni lili pa kafunsidwe. Tiyerekeze mayi amene mwamuna wake anamwalira. Akafunsidwa kuti "mukumva bwanji?", ayankha kuti akulimba, kapena kuti n'zowawa, mawu amene aliyense amanena. Wofufuza wabwino amati, "Mayi, tandiuzeni za tsiku limodzi limene munazindikira kwambiri kuti kulibe. Munali pati, mumatani?" Mayiyo mwina anena kuti anamva nkhani yoseketsa ku ntchito, ndipo njira yonse yobwerera anali kuikonza m'mutu mmene akaifotokozere, mpaka atagwira chitseko. Wofufuza safunsa kuti "chifukwa chiyani", amati, "Pamene munagwira chitsekocho, chinachitika n'chiyani?" Mukamva nkhani zotere kwa anthu angapo, chinthu china chimayamba kuonekera: chisoni sichingokhala kuwawa kwa mumtima, koma moyo wonse unali wolozera kwa munthu uja, ndipo zizolowezi zikupitiriza kumulozera ngakhale mutu ukudziwa kuti anapita.

Otsutsa ali ndi mfundo yolimba, ndipo sibwino kuizemba. Mu 1977 Richard Nisbett ndi Timothy Wilson anafalitsa zimene anapeza ataika masokosi anayi ofanana ndendende patebulo n'kupempha anthu odutsa kuti asankhe abwino koposa. Ambiri anasankha a kumanja kwenikweni, pafupifupi kanayi kuposa a kumanzere kwenikweni. Atafunsidwa chifukwa, anatchula ulusi, kusalala ndi kulimba. Atafunsidwa ngati malo anawakopa, anakana. Ngati munthu sadziwa chimene chamusankhitsa masokosi, tingamukhulupirire bwanji pa nkhani zazikulu?

Yankho la mbali ya phenomenology ndi lakuti anthu aja anafunsidwa chochititsa, ndipo pa zochititsa tonse timangopeka. Njirayi sifunsa zimenezo. Imafunsa mmene chinthu chinaonekera. Yankholi ndi loona, koma ine ndimaliona kuti likupepuka pang'ono, chifukwa anthu amalakwitsanso pofotokoza mmene zinthu zimawachitikira. Russell Hurlburt wa ku Las Vegas wakhala akupatsa anthu kachipangizo kamene kamalira nthawi zosayembekezereka, ndipo kakalira munthu amalemba chimene chinali m'maganizo mwake pa kamphindi komweko. Ambiri amabwera akunena motsimikiza kuti amadzilankhula mumtima tsiku lonse, koma zolemba zawo zimaonetsa zina. Pa kafukufuku wina wa ophunzira 30, kudzilankhula mumtima kunapezeka pafupifupi kamodzi pa kanayi kalikonse, ndipo mwa ena sikunapezeke n'kamodzi komwe. Phunziro lake si lakuti tisiye kufunsa anthu. Ndi lakuti munthu akamanena za moyo wake wonse mwachisawawa amanena zimene amakhulupirira, koma akamangiriridwa pa kamphindi kamodzi amayandikira zimene zinachitikadi.

Vuto lina ndi la kuika pambali zimene timakhulupirira kale. Kodi zimatheka? Martin Heidegger, amene anali wothandizira wa Husserl, anati munthu sangatuluke m'mbiri yake ndi m'chilankhulo chake kuti aone zinthu ali poyera, ndipo Merleau-Ponty anavomereza kuti kuika pambaliko sikufika pamapeto. Umboni wake uli m'mabuku awo omwe. Thupi limene ankalifotokoza ngati la munthu aliyense linali la mwamuna wachizungu wathanzi, woyenda momasuka kulikonse. Frantz Fanon, dokotala wa maganizo wochokera ku Martinique amene anaphunzira ku Lyon, analemba mu 1952 mmene munthu wakuda pakati pa azungu amakakamizidwira kudziona ndi maso a ena, moti kuyenda ndi kukhala pansi komwe kumasiya kukhala kwachibadwa. Iris Marion Young mu 1980 anaonetsa mmene atsikana ambiri amaleredwera kusunga thupi mopanikiza, osaliponya lonse pa chimene akuchita. Onse awiri anagwiritsa ntchito njira yomweyo poonetsa zimene eni ake sanaone. Palinso zimene njirayi singachite n'komwe: singatiuze kuti ndi anthu angati ali ndi vuto linalake, kapena ngati mankhwala akugwira ntchito kuposa ena. Ndipo kunena chilungamo, kafukufuku wambiri amene amadzitcha phenomenology masiku ano amangosanja zonena za anthu pansi pa timitu, osafika pa funso la mmene nthawi, thupi ndi anthu ena zikuonekera kwa munthuyo.

Ngakhale zili choncho, madokotala a maganizo akuibwerera. Mu 1980 ku America kunatuluka DSM-III, buku limene linaika mndandanda wa zizindikiro za matenda alionse kuti madokotala awiri akaona wodwala mmodzi azitchula dzina limodzi. Cholingacho chinali chabwino, chifukwa kale wodwala yemweyo ankatha kutchedwa wa schizophrenia (matenda a misala amene nthawi zambiri munthu amamva mawu kapena kukhulupirira zinthu zosakhalapo) ku New York koma wa matenda ena ku London. Koma mu 2007 Nancy Andreasen, mmodzi mwa amene anakonza nawo bukulo, anadandaula kuti ophunzira ayamba kuloweza mndandanda m'malo mophunzira kumvetsera wodwala, ndipo luso lofotokoza likufa.

Ku Copenhagen, Josef Parnas ndi anzake anabwerera ku zimene odwala schizophrenia amanena matenda asanafike poonekera. Zaka zingapo asanayambe kumva mawu, ena amadandaula zinthu zovuta kuzitchula: kuti maganizo awo akumveka ngati si awo, kuti akudzionerera okha akamalankhula, kuti zinthu zimene aliyense amangozidziwa, monga mmene umaperekera moni, iwo amachita kuziwerengera. Mu 2003 Parnas ndi Louis Sass anati gwero la matendawa likhoza kukhala kugwedezeka kwa chinthu chimene ambirife sitichizindikira poti sichinatisiyepo, kumva kuti amene akuona, akuganiza ndi kuyenda ndine. Mu 2005 anatulutsa ndondomeko ya mafunso yotchedwa EASE, ya mfundo 57, ndipo kafukufuku wasonyeza kuti zovuta zimenezi zimapezeka kwambiri mwa odwala schizophrenia ndi matenda oyandikana nayo kuposa mwa odwala bipolar, matenda amene munthu amasinthasintha pakati pa kusangalala kopitirira muyeso ndi kuvutika maganizo. Mfundo 57 zimenezo sizinachokere mu labotale, zinachokera m'mawu a odwala amene wina anakhala nawo pansi n'kuwalemba mosamala. Kufunsa kwake kumatenga nthawi yopitirira ola, wofunsayo ayenera kuphunzitsidwa mwapadera, ndipo yankho lakuti "inde" silokwanira mpaka wodwalayo apereke chitsanzo chakechake. N'chifukwa chake mpaka pano EASE imapezeka kwambiri m'malo ofufuzira kusiyana ndi m'zipatala wamba, kumene dokotala amakhala ndi mphindi zochepa pa wodwala aliyense.